Usiku umene mwera unatibera nthawi

Dzulo pa wailesi a zanyengo achenjezanso za mwera, koma madzulo omwewo ndaona maboti anayi akunyamuka padoko ngati sanamve kanthu. Sindikunyoza munthu ayi. Ngongole ya mafuta sidikira kuti mphepo ileke, ndikudziwa. Koma anthu akamakamba za mwera amangokamba za mafunde. Ine ndikufuna ndikuuzeni zimene mphepo imeneyi imachita ndi nthawi m'mutu mwa munthu.

Unali mwezi wa Julaye, kunja kuli mdima wopanda mwezi, nthawi yabwino ya usipa. Tinanyamuka pa Msaka dzuwa litangolowa. Bambo anga ndiwo anali siginala, ine wamng'ono mwa alovi onse. Cha m'ma teni usipa unadzaza pansi pa nyali, madzi kuchita kuwira. Apa ndi pamene mwera umatinyengera: ukamawomba kuchokera kummwera umakankhira madzi a pamwamba kumpoto, ndiye kuno kwathu madzi ozizira a pansi amakwera ndi chakudya cha nsomba. Mphepo yomwe imadyetsa usipa ndi yomwenso imamiza asodzi.

Kamphepo kozizira katangotikhudza m'makutu, bambo anati, "Ana inu, mwera uwu. Tipinde ukonde." Amene anali pa injini anayankha kuti, "Madala, tiponyeko kamodzi kokha, sititha ndi theka la ola." Tinaponya chilimira, tinakoka, usipa mbwee. Tinaponyanso. Kachitatunso. Mukanandifunsa pamenepo ndikanalumbira kuti padutsa mphindi makumi atatu basi. Kunena zoona panali patadutsa maola awiri ndi kanthu. Munthu ukamawerenga zigoba za usipa m'mutu, wotchi yako imaima.

Ndiye unafika. Funde lachiwiri kapena lachitatu linamiza injini, inatsokomola kamodzi n'kuzima. Bwato limodzi tinalidula chingwe chifukwa limamenya boti. Usipa wonse uja, umene tinachedwera, tinautayira m'madzi ndi manja athu omwe kuti boti lipepuke.

Foni imodzi yokha ndiyo inali isanalowe madzi, yanga, chifukwa ndinaikulunga mu jumbo. Netiweki panalibe. Ndinayang'ana nthawi: 1:10. Ndinayamba kukapa madzi ndi chigubu chodula. Ndinakapa mpaka msana kuuma, mnzanga wina anasanza, wina analira kuitana amayi ake, ine ndinapemphera mapemphero onse amene ndimawadziwa, ndinaganiza za sukulu imene ndinasiya, za mtsikana wina wa ku Monkey Bay, za maliro anga amene adzabwereko. Ndinati tsopano kwatsala pang'ono kucha. Nditatulutsa foni: 1:24. Mphindi khumi ndi zinayi, abale! Ndinaigwedeza ndikuganiza kuti yaonongeka. Kunena mosabisa, mantha enieni ndinawamva pamenepo, osati pa mafunde. Ndinati ngati mphindi 14 zili chonchi, ine sindifika m'mawa.

Ndipo mphepo imatitengera kumpoto. Nyanja yathuyi kutalika kwake kumaposa makilomita 500, ndipo mwera umayenda motsata utali wakewo, kotero mafunde amakulirakulira ukamapita uko. Agogo anga amakonda kukamba za sitima ya Vipya imene inamira pa 30 Julaye 1946 kufupi ndi Florence Bay, kumpoto uko, n'kupha anthu 145. Sitima yachitsulo imeneyo. Ife tinali pa matabwa.

Bambo anandilanda foni n'kuiika m'thumba mwawo. Nyenyezi zinali zitabisika m'mitambo, nthanda sitinaione. Iwo anangoti, "Aliyense akape mazana awiri, awerenge mokweza, akatha apatse mnzake." Poyamba ndinaona ngati zachibwana. Koma mukudziwa, kuwerenga kuja ndi kumene kunatigwira mitu. Usiku unasiya kukhala chinthu chimodzi chachitali chopanda malire, unasanduka mazana awiri anga, kenako a mnzanga, kenako a winayo. Wina akasokoneza nambala timadziwa kuti kuzizira kwamulowa, timamukhazika pakati pathu n'kumamumenyamenya kumsana.

Kutacha nthawi inachita zosiyana. Ndikukumbuka kumwamba kutayera pang'ono, ndinatsamira pa ukonde wonyowa. Kenako ndikumva mawu a anthu achilendo ndi injini ina. Anali asodzi a mbali ya ku Chipoka, ku Salima. Ndinawapatsa moni wa m'mawa, iwo anaseka, akuti ino ndi 3 koloko masana. Ndinakangana nawo ndithu. Maola asanu ndi atatu kapena kuposa sindikudziwa kumene anapita, ngakhale anzanga amati maso anga anali otsegula ndipo ndimayankha akandiitana.

Amene mukupita usiku uno, mukumva eti? Wina akati "kamodzi kokha", mmodzi wa inu atulutse foni anene nthawi mokweza, onse amve. Ndipo muuze wa kumtunda ola limene mukuyenera kubwera, kuti likadutsa ayambe kuimba mafoni m'madoko ena, asadikire kuti kuche.

Tinagona ku Chipoka, m'mawa mwake tinakwera matola kudzera pa Golomoti. Tinapeza amayi ali pamchenga pomwe anakhala kuyambira tsiku lija, ngakhale uthenga woti tili moyo unali utawapeza kale. Mpaka lero akamakamba nkhaniyi amati tinasowa sabata yathunthu. Bambo amati usiku umodzi ndi usana umodzi. Ndinayesapo kamodzi kuwakonza amayi, bambo anandiponda phazi pansi pa tebulo.