Mchere wa bambo a Chisomo

Sabata ino mpata wagwera ine, ndiye mupirire nane. Ndimagulitsa masamba mumsika wa Limbe, ndipo izi ndalemba pafoni, makasitomala akadukiza.

Pa benchi yanga ndakhalapo zaka 11. Ndimagulitsa matimati, anyezi, mpiru, repu, tchainizi ndi nkhwani, ndipo mvula ikagwa ndimawonjezera bonongwe ndi chisoso. Katundu ndimakapikula ku Bvumbwe m'bandakucha. Munthu wondiona nditazunguliridwa ndi zobiriwira zonsezo akhoza kuganiza kuti kwathu ku Bangwe tinkadya monga amanenera a pa wailesi aja. Ayi ndithu. Zabwino ndinkagulitsa, kunyumba kunkapita zofota, ndipo masiku ambiri sizinkapita n'komwe chifukwa ana anali atanena kale kuti masamba atopa nawo. Ineyo m'mawa ndinkadya mandasi atatu ndi tiyi wa masupuni anayi a shuga. Masana tchipisi cha pachiwaya, mchere wowaza ndi dzanja. Madzulo ndiwo zosambira m'mafuta, chifukwa mphika wopanda mafuta oyandama pamwamba ndinkauona ngati umphawi.

Amuna anga, bambo a Chisomo, ndi dalaivala wa minibasi. Amakhala pa mpando kuyambira 5 koloko m'mawa mpaka usiku, ndipo chakudya chawo cha masana chinali cha pa depoti: kanyenya, tchipisi, botolo lozizira. Mimba inayamba kutsogola, khosi n'kumira. Ndisaname, ndinkanyadira. Kwathu kuno mwamuna akanenepa, ulemu umapita kwa mkazi. Apongozi akabwera kuchokera kumudzi ku Thyolo ankawayang'ana mwana wawo n'kunena kuti, "Apa ndiye mukundisamalira mwana." Ine mtima mbee.

Mu Ogasiti 2023, Lachinayi lina chakumasana, kondakitala wawo anandiimbira foni. "Alamu, bwerani msanga. Abwana aimika galimoto m'mbali mwa msewu, akuti akuona mdima." Ndinasiyira mnzanga benchi, ndinathamanga osavula n'komwe epuloni. Mpaka lero ndikaganiza kuti m'galimotomo munali anthu odzaza, ena ndi ana kumsana, thupi limachita tsembwe.

Kuchipatala anawamanga chija cha pamkono. Makina anawonetsa 178 pamwamba, 106 pansi. Anamwino anatifotokozera kuti munthu akamapezeka mobwerezabwereza ali pa 140 ndi 90 kapena kuposa apo, ndiye kuti ali ndi BP, kuthamanga kwa magazi kuja. Anati nthendayi imatha kukhala m'thupi zaka zambiri osapweteka paliponse, kwinaku ikuwononga mtima, impso ndi mitsempha ya mu ubongo, mpaka tsiku lina munthu n'kungogwa, mbali imodzi ya thupi osagwiranso ntchito. Atanena zimenezo ine ndi bambo a Chisomo tinayang'anana. Apongozi aamuna anapita choncho. Anagwa pakhonde, pakamwa n'kupotoka, ndipo mudzi wonse unati awalodza chifukwa cha nkhani ya malire a munda.

Kenako anamwino anafunsa funso limene linandibaya: "Amaphika ndani pakhomo?" Ndinakweza dzanja ngati mwana wa sukulu wogwidwa akubera mayeso. Anati bungwe loona za umoyo padziko lonse la WHO limalangiza kuti munthu wamkulu asamapitirire magalamu 5 a mchere patsiku, yomwe ndi pafupifupi supuni yaing'ono imodzi, ndipo ana amafunika wocheperapo. Supuni imodziyo ndi ya tsiku lonse, kuphatikiza wa m'buledi, wa m'tchipisi ndi wa m'timibulu tokometsera ndiwo tija.

Ine masamu a pa sukulu anandivuta, koma a pa msika sandiphonya. Pakhomo tilipo asanu. Asanu kuchulukitsa ndi 5 ndi magalamu 25 patsiku, kutanthauza kuti paketi ya magalamu 500 iyenera kutha masiku 20, ngakhale titawerengera ana ngati akuluakulu. Yathu inkatha pa sabata ndi theka. Apo sitinawerenge wa ku depoti ndi wa pachiwaya.

Chimene ndinachita poyamba ndi chimene ndikufuna ndikuuzeni bwinobwino, chifukwa ndikudziwa kuti amayi ambiri amachita chomwecho. Ndinayamba kuphika miphika iwiri. Wathu monga mwa masiku onse, wa bambo a Chisomo wongowiritsa, wopanda mchere, wopanda mafuta. Ndinkaganiza kuti ndiko kuwakonda. Iwo atakhala pa mpando ndi kambale ka mpiru wa madzimadzi, ife pa mphasa tikunyambita zala ndi usipa wokazinga, fungo lili guu nyumba yonse. Anapirira masabata awiri. Tsiku lina anakankha mbale pang'onopang'ono n'kufunsa, "Mayi a Chisomo, kodi ndasanduka mkaidi m'nyumba mwanga momwe?" Kuyambira pamenepo ankabwera atakhuta kale. Ankangonyema nsima kawiri, ati mimba yadzaza mpweya. Mpweya wake wonunkhira kanyenya! Komanso makala ankatha msanga, miphika iwiri si masewera.

Titabwerera kuchipatala patapita mwezi, manambala awo anali asanatsike kwenikweni. Anamwino omwe aja anati, "Mayi, nanunso bweretsani mkono." Ndinaseka, ndinati ine ndangoperekeza. Makina anati 138 ndi 88. Anati sindinalowe m'nyumbamo koma ndaima pakhomo penipeni. Ine wa zaka 35, wodzitcha wathanzi, woweruza mbale ya mnzanga.

Madzulo ake ndinaphika mphika umodzi.

Mchere sitinausiye tsiku limodzi. Ndinasiya kuthira ndi dzanja, ndinayamba kuyeza ndi supuni, n'kumachepetsa pang'onopang'ono sabata ndi sabata osauza munthu. Kambale ka mchere ka patebulo ndinakachotsa. Lilime limazolowera, anzanga. Patatha miyezi iwiri ndinalawa ndiwo za pa ukwati wina, zinandiwawa ngati ndamwa madzi a m'thumba la mchere. Kuti ndiwo zisazizire mkamwa ndinabwerera ku nsinjiro. Mpiru wotendera, nkhwani wotendera, chigwada chotendera, matimati ambiri, anyezi, adyo, nthawi zina kufinyira ndimu. Soda ndinamuchepetsa nditamva kuti nayenso ali m'gulu la mchere ndipo amapha mavitamini ena a m'masamba. Ndati kuchepetsa. M'therere ndimaikabe kachitsine, asandinamize munthu kuti therere lopanda soda ndi therere.

Nkhondo yaikulu inali pa nsima. Ufa woyera tinkaukonda tonse, ndipo nditaphika mgaiwa koyamba Chisomo anati, "Amama, nsima ya kundende iyi." Ndinayamba ndi kusakaniza theka ndi theka. Pano tikudya mgaiwa masiku ambiri, ufa woyera Lamulungu. Bambo a Chisomo ankatha mitanda isanu. Kuwatsitsa kufika pa itatu kunatenga miyezi, ndipo chinathandiza n'chakuti ndiwo zinachuluka m'mbale. Kale masamba anali okhudzitsa chabe, pano amatenga theka la mbale. Ndinayambanso kupatula mulu wa pakhomo m'mawa, katundu akadali wabwino, ndisanatsegule malonda. Poyamba zinkandipweteka ngati ndikudya mpamba.

Tadala, wamkazi wa zaka 9, ndiye anasanduka wapolisi. Kusukulu anaphunzira magulu 6 a zakudya: zokhutitsa, zanyemba, zanyama, masamba, zipatso ndi mafuta. Anawajambula pa katoni n'kupachika pafupi ndi shelefu ya mbale, ndipo madzulo amawerenga kuti lero tadya magulu angati. Tikafika pa anayi amati tapasa mokankha. Zipatso timatsata nyengo, chifukwa zogula m'sitolo sitingazithe: mango kumapeto kwa chaka, kenako mapeyala ndi magwafa, nyengo yozizira manachesi a ku Mwanza, nthochi ndi mapapaya pafupifupi chaka chonse. M'mawa mandasi analowedwa m'malo ndi mbatata yowiritsa, futali kapena phala la mgaiwa lothira nsinjiro. Tiyi wanga ali pa supuni imodzi ndi theka. Theka limenelo ndikulimbana nalobe.

Za mabotolo ozizira anathetsa ndi Chisomo. Anawerenga penapake kuti botolo la Coca-Cola la mamililita 300 limakhala ndi shuga wokwana masupuni ang'ono 7 kapena 8. Anatenga kapu n'kuthiramo masupuni 8 a shuga, n'kuika patsogolo pa bambo ake. "Adadi, tafunani." Tinaseka mpaka misozi, koma kuyambira tsikulo amanyamula chigubu cha madzi m'galimoto. Ndipo pamene kwacha inagwa ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, mafuta ophikira ndi shuga n'kukwera mitengo, ife tinali titazolowera kale kuyeza ndi supuni. Anzanga a pa msika ankadandaula, ine ndinkadandaula nawo pang'ono chabe, mwaulemu.

Zolimbitsa thupi ndinkaziona ngati za anthu a ku Namiwawa, ovala zothina, othamanga popanda wowathamangitsa. Ndinkati ine ntchito yanga ndi yolimbitsa thupi kale. Koma nditadzifunsa moona, madengu amanyamula ndi anyamata aganyu, ine ndimakhala pa kampando kuyambira 7 mpaka 5, chimene chimagwira ntchito ndi pakamwa. Anamwino anati munthu wamkulu amafunika mphindi zosachepera 150 pa sabata akuyenda mwandawala kapena kuchita china chotulutsa thukuta, ana ola limodzi tsiku lililonse. Mphindi 150 zimamveka zambiri, koma ndi mphindi 30 masiku asanu.

Nthawi ndiye inalibe poipeza. M'mawa timadzuka kukadali mdima, usiku misewu yathu mukuidziwa. Ndiye tinagwirizana chonchi: ine pobwerera ndimatsika masiteji atatu ndisanafike pathu, iwo akasiya galimoto kwa eni ake amayenda wapansi m'malo mokwera kabaza. Lamulungu tikaweruka ku tchalitchi timasintha zovala, tonse asanu n'kuyenda cholunjika kuphiri la Bangwe, wamng'ono Mphatso ali pa mapewa a bambo ake akatopa. Masabata oyamba aneba ankatiimitsa panjira. "Kwagwanji? Kuli maliro?" Wina anafunsa ngati ndalama ya basi yatithera. Tikabwerako ana amatulutsa chingwe cha jingo kapena mpira wa fulaye. Tsiku loyamba kudumpha jingo patatha zaka 20 chitenje chinandikola, ndinagwa chagada pamaso pa ana a mzere wonse. Mpaka pano akandiona amati, "Anti, lero kuli jingo?"

Kenako zinayamba kuoneka. Lamba wa bambo a Chisomo anafunika kuboolanso, khosi linabwerera. Ndipo m'pamene panabuka chimene sindinachiyembekezere. Anthu anayamba kunong'ona. Ena ati akudwala matenda aja, mukuona mmene aphwerera. Ena ati mkaziyo akuwamana chakudya, ndalama zonse akuponya ku banki m'khonde. Mnzanga wina wa pa msika anandikokera pambali mwachikondi ndithu, ati tikayezetse. Ndinamuuza kuti tinayezetsa kalekale ndipo tili bwino, koma ndinaona m'maso mwake kuti sakukhulupirira. Zinandipweteka kuposa mmene ndingalembere pano. Usiku wina ndinaganizadi zobwerera ku mphika wa mafuta kuti pakamwa pa anthu patsekeke.

Mphekesera zinafika ku Thyolo. Apongozi anabwera osanena, nkhuku m'manja, thumba la ufa woyera pamutu. Atalawa ndiwo anaitanitsa mchere. Tadala anati, "Agogo, kuno mchere sukhala patebulo," ine ndinafuna kulowa pansi. Titatha kudya anandiitanira kuseri kwa nyumba. "Mwana wanga mwamutani? Ndinakusiyirani munthu, ndikupeza mthunzi." Ndinagwada, mawu osatuluka. Mkamwana angayankhe chiyani pamenepo? Bambo a Chisomo anali atamva ali pa zenera. Anatuluka, anakhala pansi pafupi ndi mayi awo, n'kufunsa motsitsa mawu, "Amayi, kodi abambo aja anayamba bwanji? Si paja ankadandaula mutu ndi chizungulire?" Anawauza za tsiku la mdima lija, za anthu amene anali m'galimoto, za manambala. Apongozi sanayankhe. Anangokhala akuyang'ana pansi mpaka udzudzu unatithamangitsa.

M'mawa mwake ndinawapeza akusadzula nkhwani pakhonde. Anandifunsa ngati nsinjiro ilipo. Pophika anangoti, "Ndiye zimene mukuzitcha zachipatalazi si zomwe tinakulira ife? Mgaiwa, chisoso, kuyenda wapansi. Mwalipira ndalama zingati kuti akuuzeni zimenezi?" Mchere anathirabe wochulukirapo, ndinaona, koma ndinatseka pakamwa.

Musaganize kuti pano zonse zili myaa. Chaka chatha bambo a Chisomo atayamba kumva bwino anasiya mankhwala mwakachetechete, anzawo a pa depoti atawauza kuti adyo ndi mandimu zikwanira. Anakagwidwa ndi makina a kuchipatala, manambala atakweranso. Anamwino anawauza mosapsatira kuti kudya bwino ndi kuyenda zimathandizana ndi mankhwala, koma wosintha kapena kuimitsa mankhwala ndi dokotala yekha. Pano mapiritsi amakhala pafupi ndi makiyi a galimoto. Ulendo wathawu anapeza 134 ndi 84, ine 124 ndi 80. Disembala timagwa tonse, mpunga wa mafuta ndi nkhuku yokazinga, Januwale n'kuyambiranso. Nyengo ya mvula kuphiri timajomba milungu ingapo.

Loweruka lapitali Tadala anakwera nawo minibasi ya bambo ake pobwera kwa azakhali ake. Atafika anandinong'oneza kukhitchini kuti m'kabokosi ka kutsogolo, pansi pa mapepala a galimoto, muli kapepala kokulunga mchere. Wandilumbiritsa kuti ndisanene kuti waulula ndi iye. Sindinawafunsebe. Ndikudikira Lamulungu, tikafika pa chitunda paja pamene amapuma wefuwefu osatha kuyankha msanga.