Usasaine Chimene Sunawerenge

Thambani, Mwanza

Mwana wanga wokondedwa,

Kalatayi ndayiika pansi pa botolo la chiponde kuti ukayipeze utafika ku Zomba, chifukwa ndikamayankhula pamaso umati amayi ayamba ulaliki.

Chiyimbireni foni azakhali ako Lachiwiri lija, tulo sindikutiona. Msuweni wako ali m'chitokosi. Mwana yemwe tinamuvinira atatenga digiri, mpaka ine mawu kusasa ndi nthungululu! Akuti bwana wake ankamubweretsera mapepala a maalawansi a misonkhano yomwe sinachitike, iye n'kumangosaina. Lero bwanayo akugona pabedi kwake, koma dzina lili papepala ndi la mwana wathu.

Ndiye nawe ukupita kukaphunzira zachuma, ukuti udzakhale ngati malemu a Goodall Gondwe. Sindikukaniza ayi. Bambo aja anachokera ku Mzimba, kumudzi ngati kuno, n'kukagwira ntchito ku banki yotukula maiko a mu Africa ku Abidjan, kenaka ku IMF ku Washington, mpaka kukhala mkulu woyang'anira nthambi ya Africa. Atabwerera kumudzi, a Bingu anawapatsa unduna wa zachuma mu 2004. Zoti ngongole za dziko zakhululukidwa mu 2006 ndinangomvera pa wailesi. Chomwe ndinagwira ndi manja angawa ndi kuponi ya feteleza ya mu 2005. Ndinayimanga pansonga ya chitenje, mfundo ziwiri, n'kuima pamzere kuyambira tambala woyamba, iwe uli m'mimba. Chimanga cha chaka chimenecho ndicho chinandipatsa mkaka woti uyamwe.

Koma udziwe kuti ngakhale iwowo, ndi imvi zawo, anamangidwapo mu 2013 pa nkhani zandale. Anali ndi dzina, anali ndi maloya, ndipo mu 2014 anabwerera pampando womwewo. Iwe ukadzagwa, adzakudzutsa ndani? Ine chuma changa ndi mitengo ya manachesi kuseri kwa nyumbaku. Azakhali ako agulitsa kale mbuzi zonse kufuna ndalama ya loya, belo mpaka lero kulibe.

Mwina uziti ndine wamantha. Eya, ndine. Ndinali kamtsikana mu Meyi 1983 pamene galimoto inapezeka kuphompho kuno ku Thambani, muli mitembo ya a Dick Matenje, a Gadama, a Sangala ndi a Chiwanga. A Matenje anakhalapo nduna ya zachuma. Agogo ako anatilowetsa m'nyumba dzuwa lisanalowe n'kutiletsa kutchula nkhaniyo ngakhale kuchitsime. Kuchokera apo, maofesi akuluakulu amandichititsa nthumanzi, ndipo za msuweni wakozi zangondidzutsira chilonda.

Uzigona m'neti. Kutchalitchi usasiye. Za anyamata tinakambirana kale, sindibwereza. Juzi ija uzivala, ku Zomba kumazizira kuposa kuno, ndipo ndikudziwa kuti umayida mtundu wake.

Kuno bambo ako msana ukadali womwewo, mlongo wako wakhoza mayeso, denga la khitchini tifolera ukapita.

Ndabwereranso pomwe paja, undikhululukire. Azakhali ako atapita kukamuona msuweni wako, akuti anamupeza ataonda, lamba ndi zingwe za nsapato atamulanda, akungoti, "Amayi, sindinadyepo kanthu." Mwina akunena zoona. Khoti silidzaona mtima wake, lidzaona siginecha. Chaona mnzako chapita, mwana wanga.

Ndiye chonde, kaya ndi ku kalabu ya ophunzira akakusankha msungichuma, kaya ndi kuntchito mtsogolo muno, pepala lililonse uziliwerenga mpaka pansi. Akakufulumizitsa kuti galimoto ikudikira, uziti ndisaina mawa. Akakuchotsa ntchito chifukwa chokana, kwera basi ubwere, mphasa yako ilipo, tidzadya nsima ya nkhwani limodzi. Manyazi a ulova ndingawapirire, koma kunyamula kontena ya nsima kupita nayo kundende, ayi, mtima wangawu sungathe. Ndakugwira mwendo. Ukangofika undiimbire, ngakhale kungofulasha.

Ndine,
Mayi ako