Kadyamaloto wa kwathu ku Nkolokosa

Makolo anzanga, mwana akadzidzimuka pakati pa usiku n'kuyamba kukuwa kuti walota zoopsa, ambirife timachita chimodzi mwa zinthu ziwiri. Ena timamukalipira kuti agone, paja mawa kusukulu. Ena timayamba kusakasaka amene watuma malotowo. Tikangoona kadziwotche wamkulu atamata pakhoma, basi mlandu watha, ati ndi agogo a kuseri kuja abwera kudzatenga mwana.

Abale, ilipo njira ina.

Ife a ku Nkolokosa tili m'munsi mwa phiri la Soche. M'mwezi wa Malichi 2023, namondwe wa Freddy atakokolola matope ndi miyala n'kukwirira nyumba ku Chilobwe ndi ku Manja, ana athu anaona ndi kumva zosayenera mwana. Wanga wamkazi, yemwe panthawiyo anali ndi zaka 5, mvula ikangoti wa-a pamalata usiku, kulira kunali komweko.

Ine ndi mayi ake tinamupekera nthano ya Kadyamaloto. Tinati ameneyu ndi gulugufe wa usiku wa mapiko otuwa ngati phulusa. Amabadwira m'matanthwe a Soche, masana amagona kuseri kwa katani, usiku amatera pamwamba pa neti. Chimanga sadya, zovala saboola, ndiwo zake ndi maloto oipa basi. Abwinowo amamuwawa m'kamwa, ndiye amakusiyira. Koma ali ndi lamulo limodzi: sadya loto losafotokozedwa. Mwana alinene kaye mokweza kwa amayi kapena abambo, iyeyo atole mawuwo n'kuuluka nawo.

Mankhwala ake enieni anali lamulo limenelo. Pofuna kudyetsa Kadyamaloto, mwana uja anayamba kuyankhula. M'pamene tinadziwa kuti ankalota mnzake wa ku nasale yemwe sanaonekenso mvula ija itatha, ndipo ankaganiza kuti madzi abwerera kudzatenganso iyeyo. Tinafufuza, n'kupeza kuti banja la mnzakeyo linapulumuka n'kubwerera kumudzi. Tikanamva liti zimenezi tikanamukalipira? Akulu anati kuona maso a nkhono n'kudekha.

Nzeru yotere si yathu yokha ayi. Ku Japan, kuyambira kale ana akalota zoopsa amaitana chinyama cha m'nthano chotchedwa baku kuti chidzadye lotolo.

Mwana akasinkhuka n'kufunsa ngati Kadyamaloto alikodi, muuzeni zoona, chifukwa nazonso n'zokoma. Kadziwotche amayamba ngati dzira patsamba, m'dziramo mumatuluka mbozi, mboziyo ikakhuta imasanduka chinthu chosayenda chobisala m'chikwa kapena m'dothi, kenako imatuluka ili ndi mapiko. Matondo amene anthu amatola ku Kasungu, ife n'kumadyera nsima, ndi ana a agulugufe akuluakulu a usiku. Chodabwitsa n'chakuti agulugufe a mtundu umenewu akakula sadya chilichonse. Amangokhala masiku owerengeka, kuikira mazira, n'kufa. Ndiye chinthu cholephera kulawa ndi madzi omwe, chingadye bwanji mwana wanu? Amene amawonongadi ndi kagulugufe kotuwa kobala ntchemberezandonda, mbozi zimene zinasakaza chimanga mpaka boma linalengeza kuti m'maboma 20 mwagwa ngozi mu Disembala 2017. Koma nakonso nkhondo yake ili kumunda, osati kuchipinda.

Ndiye chonde tisamaloze chala okalamba kaamba ka kachilombo kotsata nyali. Lamulo la Witchcraft Act la 1911 limaletsa kutchula munthu kuti ndi mfiti, ndipo m'dziko muno agogo osalakwa aphedwapo chifukwa cha nkhani zoyamba chonchi. Komanso mwana mukamuuza kuti mfiti ikumutsata, mwamuwonjezera loto lina loti alote mawa.

Nthano nayonso ili ndi malire. Mwana akamabwebweta thupi likutentha, thamangani naye kuchipatala cha Zingwangwa kapena ku Queens akamuyeze malungo. Maloto oopsa akapitirira masabata ambiri, mwana n'kuyambanso kukodza pogona kapena kukana sukulu, kaonaneni ndi achipatala. Ndipo m'malotomo mukamabwerabwera munthu mmodzi yemwe mwanayo amamuthawa ngakhale masana, musaseke. Mufunseni modekha, ndipo ngati pali chokayikitsa imbani nambala yaulere ya 116 yothandiza ana.

Inu achinyamata amene mwangolowa m'banja, ntchito yodzuka usiku si ya mayi yekha. Abambo, nanunso dzukani, yatsani tochi, khalani pamphasapo mumve lotolo mpaka kumapeto. Mukatero muuzeni mwana kuti wanena bwino, ndipo mumufunditse agone.

Tikumanenso Lamulungu likudzali.