Munthu wa kamera wa ku Poland amene anandichititsa manyazi

Tsiku limene mwana wathu anabadwa, ndinayamba ndamujambula kenako n'kumunyamula. Pofika miyezi 6 foni inali itadzaza ndi mavidiyo: akusamba, akuyetsemula, ngakhale akulira. Mayi ake ankati, "Inu bambo a mwana, taikani kaye foniyo pansi mundilandire mwanayu." Ine n'kumati dikirani pang'ono, akuoneka bwino pamenepa.

M'masiku omwewo mnzanga wina wokonda mafilimu akalekale anandiikira pa fulashi filimu ya ku Poland ya mu 1979 yotchedwa Amator, yopangidwa ndi Krzysztof Kieślowski. Chipolishi sindimva ngakhale liwu limodzi, ndinkangowerenga Chingerezi cha m'munsi. Koma munthu amene ankasewera ngati Filip Mosz ndinamumva bwinobwino. Dzina lake ndi Jerzy Stuhr.

Filip ndi wantchito wamba wa pafakitale. Akugula kakamera ka 8mm kuti azijambula mwana wake wamkazi wongobadwa kumene. Bwana atamva, akumuuza kuti ajambule chikondwerero cha pakampani. Filimuyo ikupata mphoto, ndipo basi, munthu uja wapita. Akujambula chilichonse, akulimbana ndi bwana amene akufuna kuti zina zidulidwe, kunyumba akungofika ngati mlendo. Pamene mkazi wake akumusiya, Filip akukweza zala n'kupanga kabokosi, kumuyang'aniramo ngati akuyeza chithunzi. Apa ndinaimitsa filimu. Mkazi wanga anali pakhonde akuchapa matewera yekha.

Usiku umenewo ndinafufuza za Stuhr. Anabadwira ku Kraków mu 1947, anaphunzira chinenero ndi zolembalemba za Chipolishi pa yunivesite ya Jagiellonian, kenako za zisudzo, n'kumaliza mu 1972. Anasewera zaka zambiri ku Stary Teatr mumzinda womwewo. Nkhope yake sinali ya akatswiri a pachikuto cha magazini ayi. Inali yozungulira, yonga ya amalume amene amakongola ndalama akuseka, ndipo ndikuona kuti mphamvu yake inali yomweyo: ukamuona akulakwitsa, umadziona wekha. Kwawo ambiri amamukumbukira ndi filimu yoseketsa ya Seksmisja ya mu 1984, ndipo ana amadziwa mawu ake chifukwa ndiye bulu wa mu Shrek ya Chipolishi. Anakhalaponso kawiri mkulu wa sukulu ya zisudzo ya ku Kraków.

Kupanga mafilimu akeake anayamba mochedwa, atapitirira zaka 40. Imene ndimaikonda ndi Duże zwierzę ya mu 2000, yochokera pa nkhani imene Kieślowski analemba kalekale. Kalaliki wa kubanki akutola ngamila yosiyidwa n'kuyamba kuisunga pakhomo. Poyamba anthu a m'tauni akusangalala, kenako akuyamba kumuda chifukwa akukana kuti aidyerepo ndalama. Aliyense amene anakhalapo m'dera la anthu a miseche aimva msanga.

Sanali mngelo. Mu 2022 anagwidwa akuyendetsa galimoto atamwa, ndipo khoti linamupeza wolakwa. Nditawerenga zimenezo ndinakhumudwa, sindinama. Komanso ndi yemweyo amene anadwala khansa mu 2011, n'kudzuka, n'kupanga Obywatel mu 2014, momwe iye ndi mwana wake Maciej anasewera munthu mmodzi, wina ali wachinyamata, wina atakula. Anamwalira pa 9 Julayi 2024 ali ndi zaka 77.

Kumapeto kwa Amator, Filip ali yekha m'nyumba. Akutembenuza kamera kudziloza nayo, n'kuyamba kufotokoza za usiku umene anaperekeza mkazi wake kuchipatala kukachira. Ine nditayesa kukumbukira tsiku lathu, ndinapeza kuti zambiri ndikuzidziwa chifukwa cha vidiyo. Zimene mkazi wanga anandiuza nditalowa m'chipinda muja sindikuzikumbuka, ndipo kumufunsa ndikuchita manyazi.

Dzulo mwana wathu wayenda mapazi atatu kuchoka pampando kudzagwera m'manja mwanga. Foni inali pa chaja kuchipinda. Apongozi anga aimba kale kawiri kufunsa vidiyo.