Kalata yochokera ku Durban: mtima wabwino pawokha sutchinjiriza mlendo

Okondedwa Amalume,

 Kuno tili moyo, ntchito yaukalipentala ikupezeka apo ndi apo. Ndalama yogulira mbewu ya kudimba ndatumiza, muuze achemwali akatenge ku Nchalo. Uthenga wanu wa pa WhatsApp ndinaumva, uja munafunsa ngati nzoona kuti akutithamangitsa m'zipatala, ndiponso kuti bwanji osangobwerako. Yankho lake ndi lalitali, choncho ndati ndilembe kalata kuti awerengenso ena amene ali ndi ana awo kuno ku Joni.

Nzoona, amalume. M'chaka cha 2025 magulu awiri, Operation Dudula ku Johannesburg ndi March and March kuno ku Durban, ankaima pazipata za zipatala za boma n'kumafunsa aliyense chiphaso. Tsiku lina m'mawa ndinaperekeza mkazi wa mnzanga kusikelo ya mwana pa kachipatala kena. Pageti panali amayi ndi abambo ovala malaya wamba, opanda yunifomu ya polisi kapena ya chipatala. Ankayenda ndi mzere, dzanja lili chotambasula. Wotulutsa chiphaso cha dziko lino ankadutsa, wotulutsa pasipoti ankauzidwa kuti apatuke. Mlamu wangayo anangokokera chitenje kuphimba mutu wa mwana, n'kutembenuka osanena kanthu, buku la sikelo lili m'manja. Mlonda wapageti anayang'ana kumbali. Palibe amene anamenyedwa tsiku limenelo, koma mwana sanabayidwe katemera.

Zimenezi sizinayambe dzulo. Mu Meyi 2008 chipolowe chinabuka ku Alexandra n'kufalikira dziko lonse, anthu 62 anaphedwa, ndipo 21 mwa iwo anali eni dziko omwe. Mu Epulo 2015 chinabukanso kuno ku Durban, anthu anakagona m'matenti ku Isipingo ndi ku Chatsworth, mpaka boma lathu linatumiza mabasi kudzatenga Amalawi. Mu Malichi 2019 anzathu a ku Burnwood anathawira kupolisi ya Sydenham usiku, katundu wawo atatsala m'mbuyo. Chimene chasintha tsopano n'choti chidanicho chapeza atsogoleri, ma T-sheti ndi masamba a pa Facebook. Operation Dudula, imene inayambira ku Soweto mu 2021, inalembetsa kukhala chipani cha ndale mu 2023. Ndale zoloza mlendo chala zili ponseponse: ku England mu Ogasiti 2024, bodza lofalitsidwa pa intaneti linachititsa chigulu cha anthu kukayatsa moto pa hotela yosungiramo opempha chitetezo ku Rotherham.

Sindikufuna muganize kuti anthu a kuno ndi oipa mtima. Mavuto awo ndi enieni. Ulova uli pamwamba pa anthu 30 mwa 100 alionse ofuna ntchito, ndipo gogo amene wadzuka mbandakucha kukadikira mankhwala a shuga n'kuuzidwa kuti atha, mkwiyo wake ndi womveka. Koma kalembera wa mu 2022 anapeza kuti obadwira kunja ndi pafupifupi 2.4 miliyoni mwa anthu 62 miliyoni, ndipo Amalawife tinawerengedwa pafupifupi 200,000. Anthu ochepa chotero sangakhale amene anamaliza mankhwala, ntchito ndi nyumba za dziko lonse. Kungoti amene anadya ndalama za boma amakhala kumpanda wautali, pamene mlendo wogulitsa tomato ali pafupi, alibe voti, ndipo akamenyedwa amaopa kupita kupolisi.

Ndikamaona zonsezi, mtima umathamangira kudambo lathu la Dabanyi, limene pa mapu linalembedwa kuti Elephant Marsh chifukwa cha njovu zimene David Livingstone anaziona mu 1859. Ndani mwa ife a m'chigwa anganene kuti magazi ake ndi a mtundu umodzi? Inu ndi amayi ndinu Amang'anja a kwa Lundu. Malemu bambo anali Msena, ndipo makolo awo anachokera ku Zambezi kuthawa ulamuliro wankhanza wa Apwitikizi. Kasisi, Katunga, Maseya, Mlilima ndi Makhuwira, mafumu amene timawaombera m'manja lero, ufumu wawo unayamba ndi Amagololo amene anabwera ndi Livingstone n'kutsalira m'chigwa m'zaka za m'ma 1860. Pa doko la Mtayamoyo, bwato limodzi limanyamula Msena, Mmang'anja, Mlomwe wotsika ku Thyolo ndi munthu wa ku Morrumbala, ndipo wopalasa safunsa mtundu, amafunsa ndalama yoolokera.

Inu mukukumbukira bwino kuposa ine zimene zinachitika kuyambira 1986, nkhondo ya Frelimo ndi Renamo ku Mozambique itafika povuta. Malawi analandira anthu oposa 1 miliyoni, ndipo ku Nsanje othawa nkhondo anachuluka kuposa eni boma. Mankhokwe, Nyamithuthu ndi Kunyinda anasanduka mizinda ya misasa. Ine ndinali mwana, koma sindiiwala mayi uja anafika pakhomo panu ndi ana atatu, mphika umodzi ndi mapazi otupa. Munamudulira kachigawo ka dimba m'mphepete mwa dambo. Amayi anamutenga pabwato kukamuonetsa kozula nyika m'matope, ndipo iye akalandira nandolo ndi mafuta kumsasa ankabwera nazo kudzasinthanitsa ndi makakana ouma. Sikuti zinali zophweka. Nkhuni zinasowa, kolera inavuta, pa mjigo pankabuka mikangano. Komabe palibe amene anaima pakhomo la chipatala kuti mwana wa ku Mutarara asalowe. Mtendere utasainidwa ku Rome pa 4 Okutobala 1992, ambiri anabwerera kwawo, ena anatsala, ndipo ana awo ndi azilamu athu. Kumapeto kwa 2024 zipolowe za chisankho zitavuta ku Mozambique, anthu zikwizikwi anaolokanso, midzi ya ku Nsanje ndi ku Chikwawa inawalandira ili yokha pa njala.

Mbiri imeneyi ndimainyadira, koma sindingaimire pamenepa. Pa 17 Meyi 2023, patangopita miyezi iwiri namondwe wa Freddy atatisiya tikupempha thandizo kwa dziko lonse lapansi, apolisi ndi asilikali anazungulira m'makomboni a Lilongwe kugwira othawa kwawo ochokera ku Burundi, ku Rwanda ndi ku Congo. Anthu oposa 300, ana oposa 100 ali momwemo, anakatsekeredwa kundende ya Maula asanatumizidwe ku Dzaleka. Msasa umenewo, umene unatsegulidwa mu 1994 pamalo pomwe panali ndende ya akaidi andale, unakonzedwera anthu osaposa 12,000, koma munali kale oposa 50,000. Mashopu anatsekedwa, ana anasiya sukulu pakati pa teremu. Chimene chinandipweteka koposa ndi ndemanga za Amalawi anzanga pa intaneti: Maburundi atilanda mabizinesi, apite kwawo. Ena olemba zimenezo anali kuno ku Joni konkuno, akubisala m'chipinda kuopa anthu onena mawu omwewo.

Apa ndi pamene pagona nkhani yanga, amalume. Kuno lamulo ndi labwino koma msewu ndi woopsa. Gawo 27 la malamulo aakulu a South Africa limati aliyense ali ndi ufulu wopeza chithandizo cha chipatala, ndipo silinena za nzika zokha. Chifukwa cha lamulolo, mabungwe a eni dziko monga Kopanang Africa Against Xenophobia ndi Abahlali baseMjondolo, gulu la anthu okhala m'zisakasa lomwe linabadwira kuno ku Durban, anatengera Operation Dudula kubwalo. Mu Novembala 2025 bwalo lalikulu ku Johannesburg linagamula kuti munthu wamba alibe mphamvu yofunsa mnzake pasipoti, ndipo linaletsa gululo kutsekereza anthu kuzipatala ndi kusukulu. Chigamulo sichisintha mitima tsiku limodzi, koma chimapatsa wofooka poimira.

Kwathu n'zosemphana. Mitima ya anthu akumudzi ndi yofewa, koma lamulo ndi louma. Lamulo lathu la othawa kwawo ndi la mu 1989, ndipo pomwe Malawi ankavomereza pangano la United Nations la mu 1951, anakana kudzimanga pa mfundo zopatsa othawa kwawo ufulu woyenda ndi wogwira ntchito momasuka. Ndiye mwana wobadwira ku Dzaleka, wolankhula Chichewa chosalala kuposa changa, amakula popanda chilolezo chokakhala ku Dowa boma kapena kulembedwa ntchito. Mayi amene munamupatsa dimba uja anapulumuka chifukwa anagogoda pakhomo la munthu wachifundo. Akanagogoda pena, kapena mfumu ikanasintha maganizo, analibe kodandaula. Chifundo chimatha njala ikakula, ndipo wandale wochenjera amadziwa kuchisandutsa mkwiyo. Ufulu wolembedwa m'malamulo ndi umene umatsala nthawi imene mitima yatopa.

Ife Asena ndi Amang'anja a m'chigwa tiyenera kumva zimenezi msanga kuposa ena, chifukwa tikudziwa kuchepetsedwa m'dziko lako lomwe. Bambo ankanena kuti pamene ankagwira ntchito ku Blantyre ankabisa Chisena chawo kuopa kusekedwa, ndipo ife anatilera osatiphunzitsa bwino. Chichewa chitasankhidwa kukhala chiyankhulo cha dziko mu 1968, zinatenga ulamuliro wa zipani zambiri kuti Chisena chimveke pa nkhani za wailesi ya MBC. Lero gawo 26 la malamulo athu aakulu limapatsa munthu aliyense ufulu wolankhula chiyankhulo chake ndi kutsata chikhalidwe chake, ndipo gawo 20 limaletsa tsankho, ngakhale lotengera dziko lomwe munthu wachokera. Manyazi amene bambo anali nawo ndi omwe ndimawaona m'minibasi za kuno, foni ikaitana kuchokera kumudzi munthu n'kuidula msanga kuti asamveke chilankhulo.

Za kubwerako, ndidzabwera, koma osati chothawa. Ana ali pasukulu, ndipo ndili ndi anansi Achizulu amene mu 2015 anasunga zipangizo zanga m'nyumba mwawo mpaka zinthu zitazizira. Sindingawaiwale pofotokoza za dziko lino.

Pempho langa kwa inu ndi ili. Mawu anu amamveka pabwalo la mfumu ndi kutchalitchi. Wina akadzaima n'kunena kuti mavuto athu abwera ndi Maburundi kapena anthu a ku Mozambique, mudzamufunse kuti agogo ake anachokera kuti, ndipo mudzamuuze kuti mwana wa mlongo wanu akuuzidwa zomwezo ku Durban. Phungu akadzabwera kudzapempha mavoti, pambali pa nkhani ya mlatho wa ku Chiromo ndi msewu wa ku East Bank, mudzamufunsenso za lamulo la 1989, kuti lidzasintha liti. Boma lathu likamadandaulira South Africa za mmene akutisungira, lidzamveka bwino ngati kwathuko mlendo ali ndi ufulu umene tikuupempha kuno.

Mupereke moni kwa onse, makamaka agogo.

Ine mwana wa mlongo wanu,
ku Durban