Mapayi a m'filiji pa mbaula ya amayi

Pakatoni panalembedwa kuti mphindi 25 mu uvuni wotentha madigiri 200, kapena mphindi zitatu mu microwave. Mawu amenewa ndinawawerenga ndili m'sitolo ina yaikulu mu Blantyre, ndinawawerenganso ndili mu minibasi pa Limbe tikudikira kuti idzaze, koma sindinadzifunse ngakhale kamodzi kuti kodi kwathu ku Chinakanaka uvuniwo ndikaupeza kuti. Munthu ukakhalitsa m'tauni nzeru zina zimakuthawa.

Linali Loweruka, pa 15 Okutobala 2022, tsiku la Anakubala. Chitenje ndi shuga ndinali nditagula kale monga amachitira mwana aliyense, koma mtima unkafuna kachinthu kena koti anthu akumudzi aone kuti mwana wa mayi uja akudya bwino. Ndiye ndinatsegula filiji ya m'sitolomo n'kutola katoni ya mapayi ochokera ku Joni. Amene simunawaonepo, ndi buledi wopindidwa ngati kathumba, m'kati mwake anaikamo nyama yogaya ndi tchizi, kenaka n'kuuumitsa ndi chisanu mpaka kulimba gwa ngati mwala. M'katoni munali asanu ndi limodzi. Mtengo wake sinditchula, mungandiseke; ndingoti unali wokwana kugula tambala wamoyo n'kutsala ya kabaza.

Panalinso chifukwa china, ndipo kuti muchimvetse ndiyambe ndakuuzani za amayi.

Amayi anga anagulitsa masamusa pa msika wa Chinakanaka kwa zaka zoposa 20. Lusoli analitenga kwa bambo awo, agogo anga, amene anali khukhi kwa mmwenye wina wa sitolo konkuno ku Mulanje. M'zaka za m'ma 1970 boma la Dr Banda linalamula kuti amwenye achoke m'misika ya kumidzi, azikachitira malonda awo ku Blantyre, Zomba ndi Lilongwe, ndipo pofika 1978 masitolo awo anali atatsekedwa kapena kugulitsidwa. Bwana wa agogo ananyamuka ulendo wa ku Limbe, nasiyira wantchito wake chiwaya chimodzi basi. Chinacho chimene agogo anatsala nacho chinali m'manja mwawo, ndipo n'chimene anapatsira mwana wawo wamkazi.

Amene amagula samusa pawindo la minibasi sadziwa kuti kanthu ka ngodya zitatu kameneka kamadzutsa munthu tambala woyamba asanalire. Amayi ankakanda fulawa ndi madzi ndi mchere, n'kumudula timibulu, n'kutipapatiza ndi botolo, n'kusanjikiza tinayi kapena tisanu akupaka mafuta pakati pake. Akatero ankawotcha pang'ono pachiwaya kuti timasamba ta fulawato tilekane, tili topyapyala moti munthu n'kuonera nyali ya koloboyi kuseri kwake. Pamenepo ntchito inali isanayambe. Kunali kudula, kupinda, kuthira anyezi wokazinga ndi tsabola ndi kanyama pang'ono, masiku ovuta kachewere yekha, n'kumata pakamwa ndi phala la fulawa. Mmodzimmodzi, mpaka beseni kudzaza. Ine ndinkadzuka ndi fungo la anyezi, ndipo yunifolomu yanga inkapita nalo kusukulu, anzanga mpaka kundipatsa dzina limene sindilemba pano.

Beseni limenelo ndilo linandilipirira fizi ya kusekondale. M'chaka cha referendamu, 1993, misonkhano ya ndale itachuluka, amayi ankapita nalo kulikonse kumene kwasonkhana anthu, a nyali ndi a tambala wakuda omwe, poti njala ilibe chipani.

Kenaka nyamakazi inawagwira zala. Zinatupa m'mfundo, zinapindika, mpaka kumanga mpango kumutu kunasanduka ntchito. Chiwaya cha agogo chinakwera kudenga. Tsono nditaona mapayi aja m'filiji ndinati, si uyu samusa wosafuna zala? Ndinkaganiza kuti ndikuwachitira chifundo.

Minibasi inanyamuka dzuwa lili paliwombo. Okutobala mukumudziwa nokha, ndipo msewu wa Midima minibasi imaima paliponse pamene munthu wakweza dzanja. Katoni ndinaifungata pamiyendo, m'jumbo. Tisanafike pa Nkando buluku langa linali litanyowa, ndipo mayi amene ndinakhala naye pampando anandiyang'ana kawiri asanasendere kuwindo. Potsika pa Chinakanaka, Phiri la Mulanje litabisala mu utsi wa nyengo yotentha, mapayi a m'mbali anali atafewa ngati nsima ya mwana, a pakati akadali miyala.

Mlongo wanga, amene amakhala ndi amayi, anati tikawasungitse mufiliji ya pagolosale ya mnzake mpaka mawa Lamulungu kuti tidzadye pochokera kutchalitchi. Tinakapeza magetsi anazima kuyambira m'mawa. Chaka chimenecho mukuchikumbukira: namondwe Ana anali atawononga damu la Kapichira mu Januwale, dziko n'kutaya mamegawati pafupifupi 130, ndipo mafiliji ambiri m'dziko muno anasanduka makabati. Ndipotu chinthu cha nyama chikasungunuka sichidikira mawa, makamaka kunja kukutentha chonchija. Pakatoni pomwepo anachenjeza kuti zikasungunuka osazibwezeranso mu chisanu. Panalibe kuchitira mwina, zinayenera kudyedwa tsiku lomwelo.

Amayi analandira chitenje ndi manja awiri, anathokoza shuga, kenaka anatenga payi limodzi nalitembenuza uku ndi uku.

"Waphika zimenezi ndani?"

Ndinati makina, kufakitale, ku Joni.

"Liti?"

Ndinayang'ana deti ya pakatoni. Panali patapita miyezi inayi.

"Miyezi inayi! Ndiye ukufuna undiphe pa tsiku la Anakubala?"

Ndinayesa kufotokoza, monga munthu amene fizi yake sinapite pachabe. Ndinawauza za Clarence Birdseye, mzungu wa ku America amene ali ku Labrador, dziko lozizira koopsa, anaona kuti nsomba ikangovuulidwa imauma nthawi yomweyo ndi chisanu, ndipo ukadzaisungunula patapita miyezi imakoma ngati yalero. Chinsinsi chake n'chakuti chinthu chikaundana msanga, timiyala ta madzi timene timapangika m'kati timakhala tating'ono, sitiphwanya mnofu. M'zaka za m'ma 1920 iye anapanga makina ochita zomwezo, ndipo lero chakudya chosungidwa pa madigiri 18 kunsi kwa ziro chimakhala miyezi osawola. Amayi anangoti, "Ife timayanika." Zina ndinadzaziwerenga pambuyo pake: buledi wa kathumba wotchuka kwambiri wa mtundu umenewu, wotchedwa Hot Pockets, anamuyambitsa mu 1983 ndi Paul ndi David Merage, pachibale pawo, ndipo mu 2002 kampani ya Nestlé inagula bizinesi yawo pa madola 2.6 biliyoni. Anthu awiriwa anabadwira ku Iran, dziko lomwelo la Persia kumene akuti dzina loti samusa linachokera lisanadutse ku India n'kufika kuno ndi amalonda. Ndiye kuti payi wa m'katoni ndi samusa wa m'beseni mwina ndi pachibale. Kungoti wina analemera.

Kuphika ndinati ndiphika ndine, amayi apume, ndi tsiku lawo. Ndinakoleza mbaula, ndinakupiza mpaka makala kufiira, ndinathira mafuta pachiwaya cha mlongo wanga n'kuponyamo mapayi awiri, aja olimba a pakati. Mafuta anathetheka ngati akulalata, anandilumphira padzanja. Mphindi zisanakwane zinayi kunja kunali kutafiira bwino, kenaka kutada. Ndinavuula msanga n'kupatsa mphwanga wa zaka zisanu ndi ziwiri kuti alawe. Analuma, anaima kaye, n'kulavulira m'dzanja.

"Amalume, m'katimu muli matalala."

Sankanama. Kunja makala, m'kati chisanu. Sayansi yake ndimaidziwa, ndinaiphunzira ku Fomu 2: madzi oundana amameza moto wochuluka kwambiri asanasungunuke, ndipo buledi salola kutentha kudutsa msanga, choncho moto waukali umatha khungu pamene mtima usanamve n'komwe kuti kunja kwayaka. Ngakhale mu microwave vutoli lilipo, chifukwa makinawo amatenthetsa madzi msanga kuposa madzi oundana, n'chifukwa chake payi limakuwotcha lilime mbali ino pamene mbali inayo ikukuziziritsa mano. Zonsezi ndinazikumbukira mapayi awiri atapita kale kwa galu.

Nthawi yonseyi amayi anali pamkeka, pansi pa mtengo wa mango, osayankhula. Atatero anati, "Tabwera nazo kuno zotsalazo. Mafutawo chotsa, wangowononga."

Sanakhudze kanthu, zala sizikanalola. Ankangolamula. Nditenge poto wamkulu uja wa zigumu. Ndithire mchenga wouma pansi pake, wokwana zala ziwiri. Pamchengapo ndiike mbale yachitsulo, mapayi anayi pambalepo, osagundana. Ndiphule makala ambiri m'mbaula, nditsaze ochepa, ndiwakwirire ndi phulusa pang'ono. Ndivundikire ndi chibanthu cha lata, makala ndaphula aja ndiwayale pamwamba, ambiri m'mphepete, ochepa pakati.

"Tsopano khala pansi."

Ndinati ndivundukule ndione. Anati ukavundukula ukutulutsa moto, khala pansi. Ndinayang'ana wotchi, anati wotchiyo siinunkhiza. Tinakhala. Mlongo wanga ankasenda chinanazi, nkhuku zikutola makoko. Kwathu kuno kudikira chakudya si chachilendo. Ndife anthu a kalongonda, amene amaphikidwa tsiku lathunthu, madzi kutaya ndi kuthira ena, ndipo wopupuluma amadwala naye. Komabe theka la ola limenelo linanditalikira kuposa ulendo wa Midima, chifukwa ndinali nditayamba kuona chimene ndachita. Ndinabwera ndi uvuni wa pakatoni m'mutu mwanga, pamene uvuni unali pakhomo pomwepo kuyambira ndisanabadwe, moto pansi moto pamwamba.

Fungo litasintha anati ndivundukule. Anandiuza kuti ndibaye mpeni pakati peni peni pa payi, ndiwerenge mpaka khumi, ndiuzule n'kuwagunditsa pamsana pa dzanja lawo. Anagwedeza mutu, ayi, bwezera. Kachiwiri mpeni unawawotcha, anati basi. Mabuku a zaumoyo amati chakudya chotere chifike madigiri 74 m'kati kuti tizilombo tife. Amayi madigiri awo ali pakhungu.

Anatuluka ofiira bwino, ofufuma, tchizi akutuluka m'mbali. Ndisaname, ankakoma. Mphwanga anamaliza lake n'kuyamba kuyang'ana la amayi ake. Koma amayi lawo sanalume. Anandiuza kuti ndilidule pakati, analiyandikitsa kumaso n'kumaliyang'ana ngati sing'anga. Anayendetsa chala chopindika chija m'mphepete, mmene makina anadinda timizere tofanana ngati mano a chipeso.

"Kumata amamata bwino," anatero. "Silingaphulike m'mafuta ili. Koma taona, theka lonse ndi mphepo. Anyezi mulibe. Ine ndikanagulitsa zoterezi pa Chinakanaka akanandigenda."

Tinaseka tonse. Pamenepo m'pamene pakamwa panga panandipereka. Ndinati, "Komatu amayi, ubwino wake ndi wakuti simuvutikanso ndi kupinda. Mukafuna samusa, ndizingobweretsa."

Anaika payi lija pambale.

"Iwe, unandionapo ine ndikudya samusa?"

Ndinafufuza m'mutu, zaka zonse zija, m'mawa uliwonse uja. Ndinakumbukira akutipatsa ife ophulika ndi opserera, amene sakanagulika. Ndinakumbukira akumwa tiyi wopanda mkaka ndi chinangwa. Koma iwo samusa ali pakamwa, ayi, chithunzi chimenecho munalibe.

"Samusa ndi ndalama, sadya," anatero. "Ine chimene chimandisowa si kudya. Ndikadzuka usiku uja, nthawi yanga ija, manjawa amafuna chochita. Ndimangokhala."

Sindinayankhe. Mlongo wanga anadzuka kukatenga madzi amene panalibe anawapempha.

Pano ndisakhale ngati alembi aja amene amatamanda moyo wakumudzi ali pa sofa m'tauni. Kudzuka 3 koloko kwa zaka 20, utsi m'maso, mafuta akukuthetherera m'manja, si chinthu chimene ndingafunire mwana wanga wamkazi. Kwathu ku Blantyre mayi a kunyumba amaweruka mdima utagwa, ndipo masiku ena katoni ya m'filiji ndiyo imatipulumutsa, ndimagulabe, sindinasiye. Cholakwa changa chinali china. Ndinayang'ana ntchito imene inandiphunzitsa n'kuona kuvutika kokhakokha kofunika kuchotsa, osadziwa kuti mwini wake ankaona luso limene palibe mwana wake ndi mmodzi yemwe anapempha kuti amuphunzitse.

Lamulungu m'mawa, tisanapite kutchalitchi, ananditumiza kumsika: fulawa kilo imodzi, anyezi mulu umodzi, tsabola wa kambuzi. Anauza mphwanga kuti akwere pampando atsitse chiwaya cha agogo kudenga, ndipo tinachikwecha ndi mchenga mpaka dzimbiri kutha. Madzulo ake ndinakhala pamkeka, bambo wa ndevu za imvi, botolo m'manja, ndikukalipiridwa. Wanenepetsa. Wang'amba. Ngodya imeneyo ukuisiyira ndani? Pa masamusa 20 amene ndinapinda, asanu ndi atatu anaphulika m'mafuta, ndipo amenewo anati ndidye ndekha. Mwa otsalawo anasankha mmodzi, anamutembenuza uku ndi uku monga anachitira ndi payi lija, n'kuluma pangodya.

"Mchere wachepa," anatero, akutafunabe.

Katoni ija sanataye. Anaiyanika padenga, ndipo nditapitako pa Khirisimasi ndinaipeza pawindo la kuchipinda kwawo, muli buku lawo la kuchipatala ndi mankhwala a nyamakazi.