Kujambula Chama ya pambuyo pa Humanism

Ntchito yanga ndi yojambula mafilimu a nkhani zenizeni, ndipo zambiri ndimazitola kuno ku Chama, m'chigwa cha Luangwa. Chimene ndimalondola ndi mmene moyo wa alimi unasinthira ulamuliro wa chipani chimodzi cha UNIP utatha mu 1991. Zambia sinatsate chikomyunizimu ngati Mozambique ya Frelimo, komabe m'masiku a Humanism ya a Kenneth Kaunda boma ndilo linkagula mbewu ndi kuika mitengo. Chimanga chinkapita ku NAMBOARD, thonje ku LINTCO. NAMBOARD inathetsedwa mu 1989, ndipo boma la a Frederick Chiluba linagulitsa LINTCO kwa makampani.

Vuto n'lakuti kamera siiona malamulo a zachuma. Imaona sikelo, thumba la mpunga ndi manja owerenga ndalama. N'chifukwa chake sindifunsa kuti kale ndi lero zabwino n'ziti, poti funso limenelo limangodzutsa ndale. Ndimati, "Agogo, mpunga wanu munkagulitsa kuti? Nanga ndalama inkabwera liti?" Apa nkhani imamasuka yokha. Kenako ndimakajambula msika wa lero: wamalonda wofika pakhomo ndi meda yake yoyezera mbewu, depoti ya bungwe la boma logula mbewu la FRA, ndi alimi opereka mpunga ku COMACO, imene imaugulitsa m'matauni pa dzina la It's Wild!

Sindilowa m'mudzi chilowelowe. Kaya ndi kwa a Kambombo, kwa a Tembwe kapena kwa a Chikwa, ndimayamba ndaonekera kwa mfumu, ndipo tsiku loyamba kamera imagona m'chikwama. Anthu ndimawasiya alankhule Chisenga chawo, kumasulira kumabwera m'mawu olembedwa pansi pa chithunzi. Ndimajambula m'chilimwe, chifukwa mvula ikalimba msewu wa ku Lundazi umavuta. Mabatire ndimatchaja ndi sola, ndipo maikolofoni ndimaiveka nsalu yaubweya kuti mphepo isameze mawu. Chithunzi chikhoza kugwedera, anthu n'kupirira, koma mawu akapanda kumveka amanyamuka n'kumapita.

Thukuta lenileni lili polumikiza zimene ndajambula. Bambo wina amakumbukira sukulu ndi chipatala zaulere ndiponso feteleza wotsika mtengo. Mayi wina amakumbukira mizere ya sopo, shuga ndi mafuta ophikira, komanso kufunsidwa khadi la chipani. Onsewa akunena zoona. Kudula mmodzi n'kosavuta, ndipo filimu imaoneka yosalala, koma imakhala yanama. Ine ndimawaika motsatizana, osaponyapo mawu anga oweruza.

Filimu ikatha, oyamba kuionera ndi eni nkhani, usiku, pansalu yoyera yomangidwa pabwalo. Achinyamata obadwa 1991 itadutsa amafunsa, akuluakulu amatsutsana za mitengo ndi zaka. Kamera ndimaiyatsanso pamenepo, chifukwa zimene munthu anandibisira ine mlendo amaziulula potsutsa mnzake.